Mbiri ya pa Wimbe adzalemba ndani?

Mukatsika minibasi pa Wimbe nyengo yokolola, nkhani imakhala ya mitengo ya fodya basi. Koma chapafupi pomwepo, pa Mtunthama, pali mtengo wa kachere umene amati Kamuzu Banda adayambirapo sukulu, ndipo mbiri ya dera lino idalukana ndi ya ku Scotland kuyambira kale.

Mu 1915 mmishonale wa ku Scotland, Cullen Young, adatulutsa mnyamata Kamuzu m'chipinda cha mayeso ku Kasungu pomuganizira kuti akubera. Dziko ndi lozungulira, abale. Mu 1946, Kamuzu atamaliza kale za udokotala ku Edinburgh, awiri omwewa adatulutsira limodzi buku la miyambo yathu, Our African Way of Life.

Sizidathere pomwepo. Buku lotchuka la John Chilembwe, la 1958, adalemba ndi George Shepperson wa pa yunivesite ya Edinburgh ndi mnzake Thomas Price. Mbiri ya Malawi imene ophunzira amalimbirana m'laibulale ndi ya John McCracken, ya 2012. Sitikuwanyoza ayi, adagwira ntchito yotamandika. Chotiwawa n'chakuti mbiri yathu timakaitapa kwa alendo.

Chikhalirecho, a ku Scotland nawonso zidawaonekera. Lamulo lawo la maphunziro la 1872 silidatchule n'komwe Chigaelic, chiyankhulo cha kumapiri ndi kuzilumba, moti ana ankakwapulidwa akachiyankhula m'kalasi. Ataona kuti nkhalamba zikupita ndi nzeru zawo kumanda, mu 1951 adatsegula School of Scottish Studies ku Edinburgh. Calum Maclean ndi Hamish Henderson adasenza makina olemera ojambulira mawu, mudzi ndi mudzi, kutola nyimbo ndi nthano kwa asodzi, alimi ndi anthu oyendayenda aja onyozeka. Mawuwo akumvekabe mpaka lero.

Nanga ife? Mu 1981 tidatsegula Kamuzu Academy pa Mtunthama kuti ana aphunzire Chilatini ndi Chigiriki. Zabwino ndithu. Koma kuseri kwa mpanda wa sukuluyo kuli agogo amene adaona maesiteti a fodya akumeza minda m'zaka za m'ma 1970, kuli matenanti amene adachoka ku Mulanje ndi ku Thyolo pa lole, namakhala chaka chonse pa ngongole ya chimanga.

Inu ophunzira, foni ili m'thumba mwanumo imajambula bwino kuposa makina a Maclean. Agogo amene anali ndi zaka 20 mu 1975, lero adutsa 70.