JACKIE COOGAN: MWANA ANAGWIRA NCHITO, AKULU NADYA THUKUTA LAKE

Kodi ndalama zimene mwana wapeza ndi thukuta lake ndi za yani? Funso limeneli linafika m'khoti ku America m'caka ca 1938. Amene analibweretsa anali mnyamata wochuka wa m'baisikopo, Jackie Coogan, ndipo amene iye anawaimba mlandu anali amai ake omubala.

Jackie anabadwa pa 26 October 1914 mu mzinda wa Los Angeles, m'cigawo ca California. Atate ake anali munthu wa magule ndi masewero. M'caka ca 1919 katswiri wa nthabwala, a Charlie Chaplin, anaona kamwanako kalikuvina pamaso pa anthu m'nyumba ya masewero ya Orpheum, ndipo anakopeka nako mtima.

Masiku amenewo zithunzi za baisikopo zinali zosalankhula. Wosewera anali kufotokoza cimwemwe ndi cisoni ndi nkhope, maso ndi manja basi. Luso limeneli Jackie anali nalo.

M'caka ca 1921 a Chaplin anatulutsa cithunzi cochedwa The Kid. M'nthanoyo mmphawi wina atola khanda lotayidwa nalilera. Mwanayo atasinkhuka ayamba kuswa magalasi a mazenera ndi miyala, kuti womulerayo apeze ganyu yoikamo ena. Pamene akulu a boma adza kudzamutenga kuti apite naye kosungira ana amasiye, iye alira natambasula manja ali m'galimoto. Kulira kumeneko kunagwetsa misozi ya anthu m'maiko ambiri.

Kucokera pamenepo nchito inacuruka. M'caka ca 1922 anasewera mu Oliver Twist, ndipo mu 1923 kampani ya Metro inapereka madola 500,000 pongosainirana naye cipangano. Nkhope yake inali pa zidole ndi pa katundu wa m'masitolo. Mu 1924 anayenda m'mizinda ya America kupempha zobvala ndi zakudya za ana amasiye, nakazipereka yekha ku Greece. Ciwerengero ca ndalama zimene anapeza pa ubwana wake cimaikidwa pakati pa madola mamiliyoni 3 ndi 4.

Koma cakudza siciimba ng'oma. Mu May 1935 galimoto imene Jackie anakwera ndi atate ake inagubuduka kufupi ndi San Diego. Atate akewo ndi ena onse anafa, napulumuka iye yekha. Pambuyo pake amai ake anakwatiwa ndi a Arthur Bernstein, amene anali kuyang'anira cuma ca banjalo.

Atakwanitsa zaka 21, Jackie anayembekeza kulandira cuma cake, koma sanacione. Cambiri cinali citathera pa magalimoto a mtengo wapatali, zobvala ndi miyala ya diamondi. M'khoti, amai ake ndi amuna ao anaimirira pa lamulo la nthawiyo, lonena kuti zimene mwana apeza asanakule ndi za makolo ake. Mlandu utatha, Jackie analandira madola 126,000 okha.

Nkhaniyi inakwiyitsa anthu, ndipo mu 1939 aphungu a ku California anakhazikitsa lamulo limene mpaka lero lichedwa Coogan Act. Linapatsa woweruza mphamvu yolamula kuti gawo la malipiro a mwana wosewera lisungidwe. M'caka ca 2000 lamuloli linalimbitsidwa: malipiro ndi a mwana mwini wake, ndipo madola 15 pa 100 alionse amaikidwa m'banki mpaka iye atakula. Kwa a Coogan lamuloli linadza madzi atatayika kale, koma lachinjiriza ana ambiri obwera m'mbuyo mwao.

Pa nkhondo yaciwiri ya dziko lonse a Coogan analowa usilikali. Mu March 1944 anayendetsa ndeke yopanda injini, yocita kukokedwa ndi inzake, nakatula asilikali a Britain usiku m'nkhalango za ku Burma, kumbuyo kwa magulu a Japan. Ndi dziko lomwelo kumene asilikali athu a Northern Rhodesia Regiment anamenyako nkhondo.

Atabwerako anapeza kuti anthu anali kukumbukira kamwana kaja, osati munthu wamkulu wadazi. Anakhala zaka zambiri akusewera mbali zing'onozing'ono, kufikira 1964 pamene anachukanso pa wailesi ya kanema monga Uncle Fester m'sewero la The Addams Family. Anamwalira pa 1 March 1984 ku Santa Monica ali ndi zaka 69.

Inu makolo ndi inu olera ana amasiye, nkhani ya a Coogan ikutikumbutsa kuti wosunga cuma ca mwana si mwini wake wa cumaco. Mwana amakula, ndipo tsiku lina adzafunsa.