Wokonza ufa ndi wogwira mthiko

Sewero la pa kanema likatha, mayina amayenda pagalasi ife titayamba kale kutolera mbale. Abale anga, pa mayina amenewo pali awiri oti tiziwawerenga: wolemba ndi wotsogolera, amene anzathu a zisudzo amangomuti dayilekita.

Ntchito yawo ndi ya nsima. Wolemba ndi uja wakonola chimanga, kuviika mphale, kukagayitsa ndi kuyanika ufa. Amasankha nkhani, amapatsa munthu aliyense mawu omuyenera, amadziwa poyambira mkangano ndi pothera pake. Wotsogolera ndiye wogwira mthiko. Iye amalamula kuti kamera iime apa, wosewera alowe tsopano, mawu awa anenedwe monong'ona. Ufa wabwino ukhoza kutuluka nsima ya mibulu ngati mkono uli waulesi, koma ufa wovunda, ngakhale wophika akhale katswiri, fungo limamveka ndithu. Nchifukwa chake ine ndimati wolemba tamuchepetsa kwambiri.

M'zaka za m'ma 1950, ku America ndi ku Britain, masewero ambiri a pa kanema ankaulutsidwa nthawi yomweyo akuseweredwa. Makina ojambulira pa tepi anayamba kupezeka mu 1956, ndipo anali odula. Mukudziwa nokha kuti phala likayamba kuwira simuchoka pamoto. Wotsogolera ankakhala m'kachipinda maso ali pa makamera angapo, akusankha chithunzi chopita kwa anthu. Wosewera akaiwala mawu, dziko lonse linkaona. Sewero la wolemba Rod Serling lotchedwa Patterns litakondedwa mu January 1955, anasonkhanitsanso osewera mwezi wotsatira n'kuliseweranso kuyambira pachiyambi.

Kwathu kuno nthawi imeneyo kanema kunalibe. Television Malawi inadzatsegulidwa mu 1999 ku Kwacha mu Blantyre muno. Luso limeneli linakulira pa wailesi ya MBC, yomwe inayamba mu 1964. Akuluakulu a ku Ndirande, Bangwe ndi Zingwangwa akukumbukira Kapalepale, sewero lomwe ankalitsogolera Smart Likhaya Mbewe, banja lonse litazungulira wailesi imodzi ya mabatire. Pamenepo panalibe nkhope yoti muione. Mawu okha ndiwo ankakuuzani kuti uyu ndi apongozi okwiya, uyo ndi mwamuna wobwera kumowa, ndipo kulira kwa chitseko kunkakwanira kumanga nyumba yonse m'mutu mwanu.

Kanema atafika, anapeza anthu ozolowera kale ntchitoyi pa wailesi ndi pa nsanja ya French Cultural Centre, pomwe Du Chisiza Jr ankalemba, kutsogolera ndi kusewera iye mwini pamodzi ndi gulu lake la Wakhumbata. Tikuferanji ya bungwe la ADRA, momwe Michael Usi ankasewera ngati Manganya, inkamveka pa wailesi n'kumaonekanso pa kanema, ikukamba za Edzi m'chilankhulo cha pakhomo pa nthawi imene mabanja ambiri ankaopa ngakhale kutchula dzina la matendawo.