Nambala ya Fupa Lothyoka

Anzanga, kodi mudziwa kuti phazi la munthu lili ndi mafupa 26? Limodzi likathyoka, dokotala salemba mawu okha ayi, alembanso nambala yake. Nambalazi zili m'buku la matenda lotchedwa ICD-10, limene bungwe la World Health Organization linavomereza mu 1990. Kuthyoka kwa fupa la phazi ndi S92. Likakhala la chidendene alemba S92.0, koma la chala chachikulu S92.4.

Ku America, kuyambira mu 2015, zipatala zimatumiza nambala zochokera m'bukuli ku makampani a inshuwalansi popempha malipiro. Kalaliki akaphonya nambala, kampani ingathe kukana kulipira, ndipo ngongole ingagwere wodwala. Tsono inu ofuna ukalaliki wa m'chipatala, zolowerani kulemba mosamala mukadali pano pasukulu.