KUWONJEZERA MAGAZI KWA WODWALA: CHIFUKWA CHAKE NDI ZOOPSA ZAKE

Makolo, tsiku lina dokotala angakuuzeni kuti mwana wanu kapena mkazi wanu ayenera kuwonjezeredwa magazi. Ndi bwino kuti mudziŵiretu tanthauzo lake, popeza nthaŵi imeneyo sipakhala mpata wozengereza.

Ntchito ya magazi

Munthu wamkulu ali ndi magazi okwana pafupifupi malita 5. Magaziwo amanyamula mpweya wabwino kuchokera m'mapapo kunka ku ziwalo zonse. Akachepa kwambiri, mtima umagunda mofulumira kufikira utatopa, ndipo munthu angathe kufa.

Ndani asoŵa magazi?

Choyamba, ana odwala malungo aakulu, makamaka m'nyengo ya dzinja. Tizilombo ta malungo timaswa magazi a mwana. Yang'anani zikhatho, lilime ndi m'kati mwa zikope zake. Zikayera, ndipo mwana akupuma mobanika, thamangirani naye kuchipatala tsiku lomwelo.

Chachiŵiri, amayi otaya magazi ambiri pobereka kapena popita padera. Mayi wotere angathe kumwalira m'maola oŵerengeka chabe.

Chachitatu, ovulala pa ngozi ndi ochitidwa opareshoni yaikulu.

Zoopsa zake

Magazi a anthu safanana. M'chaka cha 1901 Karl Landsteiner wa ku Vienna anapeza kuti magazi ali m'magulu, ndipo lero timaŵerenga magulu anayi: A, B, AB ndi O. Wodwala akalandira gulu losayenera, thupi lake limaswa magazi achilendowo ndipo impso zingathe kuleka kugwira ntchito. Nchifukwa chake a chipatala amayamba asakaniza magazi pang'ono a wodwala ndi amene afuna kumpatsa, kuti aone ngati agwirizana.

Magazi angathenso kunyamula matenda. Bungwe la Malawi Blood Transfusion Service limayeza magazi onse amene lasonkhanitsa, kufufuza kachilombo ka HIV, matenda a chiŵindi a hepatitis B ndi C, ndiponso chindoko. Komabe munthu amene watenga kachilombo masiku oŵerengeka apitawo angathe kusaonekera poyeza. Motero, ngati mukukayika za umoyo wanu, musapereke magazi, ngakhale wodwalayo ali mbale wanu.

Magazi akaloŵa ochuluka mofulumira amalemetsa mtima. Musakhudze botolo kapena chingwe chake kuti athe msanga.

Udindo wanu podikirira wodwala

Khalani pafupi, makamaka mphindi 15 zoyamba. Itanani namwino msanga mukaona wodwala akunjenjemera, kutentha thupi, kutuluka zidzolo, kubanika, kumva msana kuŵaŵa, kapena kukodza mkodzo wofiira.

Kodi mukane magazi?

Ayi. Dokotala salamula magazi pokhapokha ataona kuti ngozi ya kusalandira yaposa ngozi ya kulandira. Funsani chimene simukumvetsa, koma musathaŵe naye wodwala.

Chofunika koposa ndi kupewa kufika pamenepo. Gonekani ana m'masikito usiku uliwonse. Mayi woyembekezera ayambe sikelo msanga, amwe mapiritsi owonjezera magazi, adye nyemba, usipa, chiŵindi, bonongwe ndi nkhwani, ndipo akachirire kuchipatala.

Magazi sapangidwa m'fakitale. Amachokera kwa anthu. Wopereka amachotsedwa osakwana theka la lita, ndipo thupi limabwezeretsa lokha. Ngati muli athanzi, kaperekeni magazi lero, musadikire kuti wodwalayo akhale wa m'nyumba mwanu.