Zirombo za ku Dambwe

Inu a m'tauni, mukamayenda ku Katete, Sinda kapena Vubwi, penyani bwino: pakati pa minda yoyera mbee mudzaona kankhalango ka mitengo ikuluikulu. Pamenepo ndi pamanda, ndipo kawirikawiri dambwe la Nyau liri pomwepo. Ife Acewa timati kumeneko kumakhala zirombo, monga njobvu ndi kasiyamaliro, zimene zimaturuka pa maliro ndi pa cinamwali. Munthu wosalowa Nyau akafika kudambwe apalamula mlandu. Cifukwa cace nkhwangwa siilira wamba m'mitengomo, ndipo mbalame ndi njoka zimabisala momwemo. M'caka ca 2005 UNESCO inalemekeza Gule Wamkulu. Koma ine cimene ndiopa ndi anthu ootca makala, pakuti kuthengo mitengo irinkutha, tsono maso ao ali pamanda.