DZINA NDI MFUNDA: NKHANI YOCHOKERA KU NJUBE, BULAWAYO

Munthu akafika ku Bulawayo ndi kulowa m'malokeshoni a kumadzulo kwa mzindawo, apeza kuti maina ake ali ndi mbiri. Mzilikazi ndiyo mfumu imene inakhazikitsa mtundu wa Amandebele, ndipo inamwalira mu 1868. Lobengula ndiye mwana wake amene analowa ufumu. Njube ndi Nguboyenja ndiwo ana a Lobengula. Ufumuwo utagwa mu 1893, Cecil Rhodes anatumiza anyamatawa ku Cape kuti akaphunzire, ndipo Njube anamwalira ku Grahamstown mu 1910 osakhala pa mpando wa atate wake. Koma dzina lake silinafe, pakuti anthu zikwizikwi alitchula tsiku ndi tsiku pokwera basi.

M'Njube momwemo mukhala ana ndi adzukulu a anthu akwathu amene anachoka ku Nyasaland, ku Fort Jameson (Chipata wa lero) ndi ku Tete kudzagwira ntchito ku njanji, m'mafakitale ndi m'migodi monga How Mine ndi Wankie. Ena a iwo asunga maina a makolo ao. Ena anawataya panjira. Tsono tiyeni tione kumene mainawa achokera, ndi chifukwa chake kuli koopsa kuwataya.

MFUNDA NDI CHIWONGO

Mifunda ikuluikulu ya Achewa ndiyo Phiri ndi Banda. Akuluakulu amati pa ulendo wa makolo ena anagona pamwamba pa phiri natchedwa Aphiri, ndipo ena anabanda udzu m'tsinde mwake natchedwa Abanda. Ufumu wa Kalonga unali wa Aphiri, pamene Abanda anadziwika ndi nsembe zopempha mvula. Palinso Mbewe, Mwale, Nkhoma ndi ina.

Mau akuti chiwongo anadza ndi Angoni, amene anaoloka Zambezi mu 1835 motsogozedwa ndi Zwangendaba. Amandebele ati isibongo, ndipo ndi mau amodzi omwewo, pakuti mitundu iwiriyi inachokera dera limodzi kumwera. Nchifukwa chake Ngwenya ndi Nyoni muwapeza ku Mzimba, muwapezanso ku Njube.

Ziwongo zambiri za Amandebele ndi maina a nyama. Ndlovu ndi njovu, Nyathi ndi njati, Dube ndi mbidzi, Ngwenya ndi ng'ona, Mpofu ndi ntchefu, Nyoni ndi mbalame. Koma chenjerani ndi mau ofanana. Moyo m'Chishona ndi mtima. Ndipo inu a Phiri musapse mtima mnzanu wa ku Botswana akaseka pomva mfunda wanu, pakuti m'chinenero chake phiri ndi fisi.

Ulemu wa amai nao uyenda mofanana. Ife titi Naphiri kapena Nambewe, Atumbuka ndi Atonga ati NyaChirwa, Amandebele ati MaNcube, ndipo Ayao ati Abiti, ndiko kuti mwana wamkazi wa uje. Ngakhale Azungu ali ndi njira yao: Smith anali wosula zitsulo, Taylor anali telala, Johnson ndi mwana wa John.

DZINA LA PA CHIKUTA

Dzina la mwana linena zimene zinali m'mtima mwa makolo pa nthawi yobadwa. Mavuto ndi Masautso anabadwa pa nthawi yowawa, ndipo Mshona amtcha mwana wotere Nhamo. Kondwani wathu ndi Thabani kwa Amandebele, ndi Farai kwa Mashona. Mphatso ndi Sipho, ndiponso Chipo. Dalitso ndi Sibusiso, Mwayi ndi Nhlanhla.

Dr. Banda, amene anagwirapo ntchito ku Hartley ndi pa mgodi wa Witwatersrand Deep, anatchedwa Kamuzu chifukwa amai ake anamwa mankhwala a mizu kuti aone mwana. Dzina la Hastings analitenga kwa mmishoni wa ku Scotland.

M'MENE MAINA ANATAYIKIRA

Kale mwamuna akafika pa ofesi, mabalane wosadziwa chinenero chake analemba monga makutu ake anamvera. Ena anapatsidwa maina a pa ntchito monga Machisi, Supuni ndi Sikisi, ndipo mainawo analowa pa chitupa. Ena anabwereka chitupa cha mnzao kuti apeze malipiro abwino kwina. Enanso, potopa ndi kunyozedwa kuti ndi alendo, anasandutsa Banda kukhala Sibanda, ngakhale kuti awiriwa si pachibale, pakuti Sibanda ndi wa mkango.

Anthu omveka naonso maina ao anasintha. Clements Kadalie, Mtonga wa ku Chifira pafupi ndi Bandawe, amene anagwira ntchito ku Shamva ndi ku Bulawayo asanayambitse bungwe la antchito la ICU ku Cape Town mu 1919, kwao anali Lameck Koniwaka Kadali Muwamba. Benjani Mwaruwari, katswiri wa mpira wobadwira ku Bulawayo mu 1978 kwa makolo ochokera ku Malawi, amene anasewera ku Portsmouth ndi Manchester City, dzina lake lenileni ndi Mpenjani.

PAMENE PAGONA VUTO

Awa anali anthu odziwika, kotero abale ao sanawasowe. Koma munthu wamba akasintha dzina, kalata ya kumudzi simpeza, ndipo akamwalira uthenga wa maliro sufika kwao. Ambiri otchedwa machona anatayika motere.

Pali nkhaninso ya ndalama. Mu 2019 bwalo la milandu ku Johannesburg linavomereza pangano la R5 biliyoni lolipira antchito a m'migodi ya golide ya makampani 6, amene anadwala silicosis, nthenda ya fumbi, kapena chifuwa chachikulu, ngati anagwira ntchito pakati pa 12 March 1965 ndi 10 December 2019. Bungwe la Tshiamiso Trust linakhazikitsidwa kuti lipereke ndalamazo. Pa nkhani zotere wopempha ayenera kuonetsa kuti iye ndiye wolembedwa m'mabuku a pa mgodi. Nanga mai wamasiye adzaonetsa bwanji kuti Machisi wa m'buku ndiye mwamuna wake Mbewe?

Chimodzimodzinso pa unzika. Malamulo aakulu a Zimbabwe a mu 2013 anapereka unzika kwa munthu wobadwira ndi kukhala m'dzikomo amene kholo lake linali nzika ya dziko la m'bungwe la SADC. Koma polembetsa afuna mapepala, ndipo dzina la mwana likasiyana ndi la kholo, njira italika.

Tsono abale, pamene mulembetsa ntchito yang'anitsitsani m'mene dzina lanu lalembedwera, ndipo ngati lalakwika nenani pomwepo. Dzina likhale limodzi pa pasipoti, pa kontalakiti ndi pa buku la ku banki. Nambala yanu ya ku mgodi muilembe papepala ndi kuitumiza kunyumba. Ndipo ana anu, ngakhale alankhule Chindebele chokha, muwaphunzitse zinthu zinai izi: mfunda wao, mudzi wao, mfumu yao ndi boma lao. Makolo anati kwanu nkwanu, mthengo mudalaka njoka.