Dan Curry, mmisiri wa zombo zomwe sizinaulukepo

Amene anaonera sewero la pa wailesi ya kanema la Star Trek: The Next Generation amakumbukira chombo chachikulu cha Enterprise chikung'amba mlengalenga pakati pa nyenyezi. Komatu chombocho chinali chidole chosakwana mamita 2, chokhomedwa pamtengo wachitsulo m'chipinda chamdima ku Los Angeles. Sichinkasuntha. Inkayenda ndi kamera.

Mmodzi mwa akatswiri amene ankatsogolera ntchito yopusitsa maso imeneyi ndi Dan Curry, mbadwa ya ku America. Njira yomwe anadzera sinali yachidule. Atamaliza maphunziro ku Middlebury College, analowa m'bungwe la Peace Corps n'kupita ku Thailand, komwe ankathandiza anthu a m'midzi kumanga madamu ang'onoang'ono ndi milatho. Ali ku Asia komweko anazama pa masewera omenyana a kumeneko.

Atabwerera kwawo n'kulowa ntchito ya mafilimu, anayamba ndi kupenta malo ongopeka oti azioneka kumbuyo kwa ochita sewero, kenako n'kumakonza zilembo zotsegulira mafilimu. Anayamba kugwira ntchito ya Star Trek ya pa wailesi ya kanema mu 1987 ndipo anakhalitsa mpaka mu 2005, atadutsa m'masewero anayi: The Next Generation, Deep Space Nine, Voyager ndi Enterprise. Pa zaka zimenezi anapata mphoto 7 za Emmy.

Ntchito yake inkafuna kuleza mtima. Kamera yoyendetsedwa ndi kompyuta inkadutsa njira imodzimodzi kangapo mosaphonya: ulendo wina kujambula thupi la chombo, wina magetsi a m'mawindo, wina kuwala kwa injini, winanso mthunzi wa chombocho wothandiza kuchidula pochiika pakati pa nyenyezi. Zonsezi zinkasanjikizidwa kuti zikhale chithunzi chimodzi cha masekondi ochepa. Ndipo pa wailesi ya kanema nthawi imathina, chifukwa chaka chilichonse pankafunika magawo pafupifupi 26.

Apa m'pamene Curry anaonetsa kuti luso silili m'makina okha. Pofuna kuonetsa mpanda wa mphamvu wotchinjiriza chombo, anagwedeza mpukutu wa tizingwe tonyezimira tomwe ochemerera masewera amavina nato, n'kujambula kunyezimira kwake. Pofuna mitambo yachilendo ya m'mlengalenga, ankajambula nthunzi ya nitrogen wozizira kwambiri.

Zomwe anaphunzira ku Asia nazo sizinapite pachabe. Iye ndiye anakonza bat'leth, lupanga lopindika la mtundu wongopeka wa Klingon lomwe linayamba kuoneka mu 1990, ndipo anathandiza Michael Dorn, amene ankasewera ngati Worf, kuphunzira kagwiridwe kake.

Kenako mphepo inasintha. Mu 1993, Ron Thornton ndi anzake anasonyeza m'sewero lina la Babylon 5 kuti zombo zingapangidwe pa makompyuta otsika mtengo a Amiga. Voyager inayamba ndi zidole n'kumalizira pa kompyuta, ndipo pofika mu 2001 chombo cha m'sewero la Enterprise chinali cha pa kompyuta basi. Curry anayenda nayo nthawi, chifukwa ankadziwa kale mmene kuwala kumagwera pa chinthu chenicheni ndiponso mmene chinthu cholemera chimasunthira.

Lero mnyamata kapena mtsikana wokhala ndi laputopu akhoza kutenga kwaulere pulogalamu ya Blender n'kupanga zomwe kale zinkafuna chipinda chodzaza zipangizo. Koma pulogalamu sidzamuuza kuti utsi wake ukuoneka wabodza. Wofuna ntchitoyi ayambe waphunzira kujambula pamanja ndi kuyang'anitsitsa moto, madzi ndi fumbi, makina abwere pambuyo.